Banki ikugulitsa puloti yathu, koma nyumba yakumbuyo ndi ya mnzanga

Aphungu,

Kalata ino ndaiyamba katatu, katatu konse ndikung'amba. Iyi ndiitumiza mmene ililimu chifukwa masiku akundithera.

Ndine mayi wa zaka 54. Kwathu ndi ku Ngabu, koma ndakhala ku Chilomoni kuyambira ndili mtsikana. Amuna anga, a Rafaeli, ankagwira ntchito kufakitale ya nsalu, ndipo atapuma tinagula puloti yaikulu ndithu, ya mapepala ake a lizi, olembedwa m'dzina la tonse awiri. Tinamanga nyumba kutsogolo. Kumbuyo kunatsala malo amene tinkangodzalapo mpiru ndi chimanga chootcha.

Ndili ndi mnzanga wa kumphakati, a Evelina. Ndiwo anaimirira mwana wanga womaliza, Sophie, pa ubatizo, choncho sitionana ngati anthu ongodziwana kutchalitchi ayi. Mu 2016 amuna awo anamwalira. Abale a malemu anabwera ndi lole kuchokera kumudzi n'kukokolola zonse, mpaka mbaula. Chimene sanachipeze ndi ndalama za kuntchito kwa malemu, chifukwa zinatuluka patatha chaka. Ndine amene ndinapita kukawauza a Evelina kuti asathere ndalamazo ku lendi, agule kumbuyo kwathu amange. Sanandipemphe iwo. Ndinawaitana ndekha ndi pakamwa pangapa.

Tinagulitsana mmene timagulitsirana kunoko. Tinang'amba pepala m'kope la mwana, ine ndi a Rafaeli tinasaina, iwo anadinda chala chifukwa sukulu sanapite nayo patali. A tcheyamani a mphakati ndi a buloko lida anaikira umboni, chidindo pamwamba. Malire a Rafaeli anayeza ndi mapazi, tinadzalapo nkhadze, kenako tinamwa Fanta. Zoitana oyeza malo kuti adule puloti mwalamulo tinati tidzapanga ndalama zikapezeka. Inunso mukudziwa kuti "tidzapanga" wa mu Blantyre muno safika. Pepala lija a Evelina anandipatsa ine kuti ndiwasungire, poopa kuti alamu awo angadzabwerenso n'kulipeza.

Nyumba anamanga zaka zitatu. Amagulitsa mandasi ndi zigege pageti pa sukulu ya pulayimale, ndiye malata ankagula awiriawiri, n'kumawasunga kuseri kwa bedi lathu. Ndi ya zipinda zitatu, yaing'ono, koma yaukhondo kuposa yanga. Tsiku lolowa anagwada pakhomo n'kulira, ine ndinalira nawo.

Tsopano nazi zimene ndinachita ine. Mu 2022 ine ndi a Rafaeli tinaganiza zogula lole yaing'ono yoti izikatenga mbuzi ndi mpunga ku Chigwa cha Shire n'kumagulitsa ku Ndirande ndi ku Limbe. Banki inati ngongole itipatsa, koma chikole chikhale mapepala a puloti. Mapepalawo amanena puloti yonse, kuchokera kumsewu mpaka kumpanda wakumbuyo, chifukwa paja sitinadule. Ndinkadziwa bwinobwino. Ndinadziuza kuti zaka ziwiri si kanthu, tibweza, mapepala abwerera musutikesi, palibe amene adzadziwe.

Banki inatumiza bambo wina wa tayi kudzaona mtengo wa malowo. Ndinkayembekezera kuti abwera m'mawa a Evelina ali kusukulu, koma anafika masana iwo ali pakhonde kusenda mbatata. A Evelina anathamanga kukamutengera mpando. Atandifunsa chapansipansi kuti ndi ndani, ndinati ndi a kukhonsolo, akuyeza nyumba zonse za m'dera lino. Bamboyo anali yekha, ndiye a Evelina anadzipereka kumugwirira tepi yoyezera. Anaigwira pakona ya nyumba yawo yomwe, akuseka, akuti ayeze bwino asawadyere.

Atamaliza, bamboyo anandifunsa m'Chingerezi kuti nyumba yakumbuyoyi ndi ya ndani. Ndinayankha m'Chingerezi chomwecho kuti ndi yathu, tinamangira lendi, ndipo mayiwa ndi achemwali anga amene tikungowasunga. Analemba. Bamboyo sanawafunse a Evelina kanthu ngakhale kamodzi. Iwo anangomva mawu oti "sister", ndipo bamboyo atapita anandigwira dzanja n'kunena kuti, "Mayi a Sophie, mpaka kwa anthu a boma mumanditchula mbale wanu? Mulungu akudalitseni." Pafomu ya kubanki panalinso funso ngati pali wina amene ali ndi gawo pamalopo. Ndinachonga kuti palibe.

Lole inayenda miyezi isanu ndi inayi. Tsiku lina ikukwera mapiri a ku Thabwa mabuleki anakana, inabwerera chambuyo n'kugwera kuphompho. Dalaivala anapulumuka, mbuzi zinathawira m'tchire, lole inasanduka zitsulo. Inshuransi yathu inali ija yongoonetsa apolisi pamsewu. Tinayesa kumalipira ndi ndalama za okala yanga ndi penshoni ya a Rafaeli, koma kwacha itagwa zinthu zonse zinangotisokonekera. Makalata a kubanki ankabwera, ine n'kumawalonga musutikesi pansi pa zitenje, momwemo mmene muli pepala la a Evelina. A kubanki anatipatsa miyezi itatu yomaliza, nayonso inatha. Sabata yatha malo athu atuluka m'nyuzipepala: nyumba ziwiri papuloti imodzi, ofuna kugula apereke mitengo yawo pofika kumapeto kwa mwezi uno. Kwatsala masabata atatu.

Ogula ayamba kale kubwera. Lachinayi kunabwera wina pagalimoto yakuda, mwamwayi a Evelina ali kugeni. Anazungulira nyumba yawo, kusuzumira pawindo, kenako anaponda nkhadze zija ndi nsapato n'kunena kuti izi azula, kumbuyoku aikako ana a sukulu za ukachenjede awiriawiri pachipinda. Ndinangoti zoonadi, malo ndi abwino. Ndinamuperekeza mpaka pageti ngati mlendo waulemu.

Aphungu, manyazi akundidya. Ndaonda mpaka masiketi ndikumangira lamba. A Evelina akuganiza kuti ndi BP. M'mawa uliwonse asanapite kugeni amanditumizira phala la nsinjiro, ndipo Lamlungu lapitali anaimirira kumphakati n'kupempha kuti anthu andipempherere. Ndinagwada pakati, anthu khumi ndi asanu atandizungulira, iwo akutsogolera pemphero, dzanja lawo lili pamutu panga. Sindinalakelakepo kufa ngati tsiku limenelo. Ukalistia ndinasiya kulandira kuyambira Pasaka, ndipo amayi anzanga ayamba kuyang'anizana.

A Rafaeli akuti tikhale chete. Maganizo awo ndi oti tiwauze a Evelina kuti khonsolo yalamula kuti nyumba zakumbuyo zigwetsedwe, kuti achotseretu malata, zitseko ndi mawindo, apite kwa mwana wawo ku Bangwe, ndiye malo akagulitsidwa tidzawapatse kenakake pa chenji. Za pepala lija akuti, "Limenelo ndi lotimangitsa, ukulisungiranji?" A buloko lida amene anasaina anamwalira. A tcheyamani alipo koma akalamba. Ndisakunamizeni, ndinalitulutsa musutikesi, ndinakhala nalo pafupi ndi mbaula, kenako ndinalibwezera.

Ndithandizeni. Kodi munthu ngati a Evelina, amene dzina lake silili pamapepala a lizi, ali ndi ufulu uliwonse banki ikamagulitsa? Kodi pali njira yopulumutsira nyumba yawo iwo osadziwa zimene ndinachita? Ndipo ndikaulula, kodi andimanga? Nyumba yathuyi ndaitaya kale mumtima. Koma mayi uja akafunsa kuti, "Mayi a Sophie, ndipite kuti?" sindikudziwa kumene ndidzayang'ane.

M.S.,
Chilomoni, Blantyre.

Mayi M.S.,

Mwachita bwino kulibwezera pepalalo. Pa zonse zimene mwalemba, chinthu chanzeru chimene mwachita zaka zitatu zapitazi ndi chimenecho, ndiye tiyambire pomwepo.

Sindikukalipirani. Mwadzikalipira kale mokwanira, ndipo kuonda kwanu sikuimitsa banki. Koma sindikunyengereraninso. Munaika chikole chinthu chimene munagulitsa kale, munanamiza banki, munanamiza mnzanu. Ngozi ya lole inali tsoka, koma izi sizinali tsoka, munachita kusankha. Ndanena poyera chifukwa njira yotulukira ikufuna kuti inunso mukanene chimodzimodzi, pamaso pa anthu.

Funso lanu lachiwiri ndiliyankha msanga: njira yopulumutsira nyumbayo a Evelina osadziwa palibe. Ufulu ndi wawo, ndipo woumenyera ndi iwo. Inu simungakadandaule m'malo mwawo, chifukwa pamaso pa banki ndinu wangongole amene anachonga kuti palibe wina. Tsiku lililonse limene mwakhala chete mukuwabera nthawi yodzitetezera.

Kodi ufuluwo ulipo? Ine si khoti, ndipo mapepala anu sindinawaone, koma a Evelina sali chimanjamanja ayi. Malamulo a malo olembetsedwa amamuganizira munthu amene ali ndi gawo pamalo ndipo akukhalapo ndithu, ngakhale dzina lake silili m'kaundula. Wobwereketsa ndalama amayenera kuonetsetsa amene akukhala pamalo a chikole ndi kuwafunsa eni akewo. Munthu akafunsidwa n'kubisa, wadzipweteka yekha. Koma malinga ndi kalata yanu, a Evelina anagula ndi kumanga ngongole isanatengedwe, woyeza wa banki anawapeza pakhomo pawo, ndipo sanawafunse. Mfundo imeneyi loya akhoza kuimirirapo. Zofooka ziliponso, ndisakubisireni. Puloti simunadule, mgwirizano wanu sunalembetsedwe, ndipo malo a lizi kawirikawiri sagulitsidwa chidutswa popanda chilolezo cha amene anapereka liziyo. Banki idzagwira pamenepo. Nkhaniyi ingathe kupita uku kapena uko. Chimene ndikudziwa n'chakuti kudandaula malo asanagulitsidwe n'kopepuka kusiyana ndi kulimbana ndi wogula amene walipira kale.

Choncho mawa m'mawa, osati Lamlungu likubwerali, osati a Rafaeli akavomera, awuzeni a Evelina kuti geni aisiye kaye tsiku limodzi. Khalani nawo pansi m'nyumba mwawo. Nenani zonse motsatana mmene mwandilembera ine, za tayi, za tepi, za Chingerezi chija. Musayambe ndi lole, chifukwa mukayamba ndi lole mudzakhala mukupempha chisoni, pamene chofunika n'kuti amve msanga kuti nyumba yawo ili pamsika. Apatseni pepala lawo m'manja. Akalira, akakutukwanani, akakutulutsani, pirirani, koma musachoke musanawauze tsiku limene banki itseke kulandira mitengo. Mwana wawo wa ku Bangwe aitanidwe tsiku lomwelo, chifukwa pafunika munthu wowerenga amene ali kumbali yawo, ndipo munthuyo simungakhalenso inu.

Zikatero a Evelina apite kwa loya sabata yomwe ino. Ngati ndalama palibe, ku Legal Aid kulipo chifukwa cha anthu ngati iwo. Atenge pepalalo litajambulidwa kangapo, loyambalo lisungidwe pabwino. Atengenso chilichonse chosonyeza kuti nyumbayo anamanga ndi iwo ndipo akhalamo kuyambira liti: malisiti a malata ndi simenti ngati alipo, mapepala a madzi kapena magetsi a m'dzina lawo, zithunzi, dzina la mmisiri amene anamanga. A tcheyamani aja akalamba, ndiye umboni wawo ulembedwe ndi kulumbiridwa panopa akukumbukira. Loya ndiye adzadziwe zoyenera, kaya kulembera banki kuti pamalopo pali mwini wina, kaya kukaika chenjezo kuofesi ya kaundula wa malo, kaya kupempha khoti kuti liyambe laimitsa kugulitsako. Masabata atatu ndi ochepa, koma akwanira munthu amene wayamba mawa.

Tsopano gawo lowawa. Pepala la m'kope palokha ndi lopepuka. Cholilemeretsa ndi inu, wogulitsa, kulumbira kuti ndalama munalandira, kuti a Evelina sanadziwe za ngongole, ndiponso kuti funso la woyeza munayankha ndinu m'chinenero chimene iwo samva. Mwafunsa ngati angakumangeni. Kupereka uthenga wabodza pofuna ngongole ndi nkhani imene ingathe kufika kupolisi, ndipo sindingakulonjezeni kuti sizingatero. N'chifukwa chake inunso mupeze loya wanuwanu, wosiyana ndi wa a Evelina, musanasaine chilichonse. Nthawi zambiri chimene banki imafunitsitsa ndi ndalama zake, ndipo munthu wobwera yekha ndi dongosolo amamvedwa mosiyana ndi wochita kugwidwa. Koma dziwani kuti bodzali lidzatuluka ndithu, inu mufune musafune. Tsiku limene wogula adzabwere ndi makiyi atsopano, a Evelina sadzatuluka mwakachetechete, ndipo Chilomoni yense akudziwa amene anaumba njerwa za nyumba ija.

Pitaninso kubanki, inu ndi a Rafaeli ndi loya wanu, mutanyamula makalata onse aja mwawafundika zitenje. Funsani kuti ngongole yafika pati kwenikweni, ndipo akulembereni. Mukatero funsani ngati nyumba yakutsogolo payokha ingakwanire kubweza. Ngati ingakwanire, kapena kutsala pang'ono, pemphani kuti puloti idulidwe mwalamulo, kutsogolo kugulitsidwe, kumbuyo kulembedwe m'dzina la a Evelina. Banki siikakamizidwa kuvomera, koma nayonso siikonda kugulitsa malo a mlandu, chifukwa ogula amathawa kapena kutsitsa mtengo. Zitsulo za lole zija, okala, munda wa ku Ngabu ngati ulipo, zonse ziikeni patebulo. Ndipo zikakanika, nyumba yawo n'kupita, mudziwe kuti a Evelina akhoza kukusumirani inuyo kuti muwabwezere za malo ndi za nyumba yomwe. Imeneyo sidzakhala "kenakake". Idzakhala ngongole yeniyeni.

A Rafaeli muwawerengere ndime ino mokweza. Bambo, chenji mukuwerengerayo simunaione. Banki ikachotsa zake, chiwongoladzanja, za maloya ndi za kulengeza m'nyuzipepala, zotsala nthawi zambiri sizigula ngakhale khonde. Ndipo nzeru yanu yonamizira khonsolo ndiyo yoipitsitsa pa zonse. Chimene chikuwagwiriza a Evelina pamalopo ndi chakuti akukhalamo. Mukawasasulitsa denga ndi manja awo n'kuwatumiza ku Bangwe, mwawalanda chida chokhacho chimene ali nacho, ndipo mwawonjezera bodza lachitatu pa awiri aja. Pepalalo mukaliwotcha, mlandu wa ngongole usanduka mlandu wina woposa pamenepo. Munasaina nawo, mukaime nawo.

Za kutchalitchi, pitani mukaonane ndi bambo mfumu, mtima wanu ukufunika zimenezo. Koma kulapa kwa m'kachipinda sikufika kubanki, ndiye musakuyese kuti kwalowa m'malo mwa kugogoda pakhomo pa a Evelina. Yambani kwa iwo. Kumphakati adzamva, ena adzakunenani, ena adzasiya kukupatsani moni kwa kanthawi. Zimenezo zimapiririka, anthu apirira zoposa apa.

Chenjezo langa ndi ili. Nkhani ikangomveka mudzaona madobadoba akubwera, wina akuti ali ndi m'bale wake kubanki, wina akuti akudziwa wa kukhoti, wina akuti akubwerekeni katapila mutseke kaye pakamwa pa banki. Musawapatse ngakhale tambala. A Evelina asasaine kapena kudinda chala papepala lililonse, lochokera kubanki, kwa wogula, ngakhale kwa inu, loya wawo asanawawerengere. Ndipo zivute zitani, asachoke m'nyumbamo kapena kuchotsa lata ngakhale limodzi pokhapokha khoti litalamula.

Chomaliza, musapite kumeneko mukuyembekezera kukhululukidwa. Mwina adzakukhululukirani chaka chamawa, mwina sadzakuyankhulaninso mpaka kumanda, ndipo ufulu umenewo ali nawo. Inu mukupita kukapulumutsa nyumba, osati chinzake. Kuli bwino a Evelina azikudani ali m'nyumba mwawo, kusiyana n'kuti azikukondani mpaka m'mawa umene adzapeze katundu wawo ali pamsewu.

Aphungu.